John Mbiti: wansembe amene anati Mulungu sanabwere pa sitima

Agogo anga obala amayi anali mayi wa Chigwirizano mu mpingo wa Reformada, kumudzi kwathu kufupi ndi Ulongwe. Tsiku lina m'bandakucha, chimanga chitangolowa kumene m'nkhokwe, ndinatuluka kukataya madzi ndipo ndinawapeza atagwada kuseri kwa nkhokweyo, kambale ka ufa woyera kali m'manja. Ankatapa ufawo ndi nsonga za zala n'kumawaza pansi, uku akuyankhula chapansipansi ngati mmene munthu amauzira mnzake za kumunda. Malemu agogo aamuna sanawatchule dzina, anangowaitana ndi mfunda wawo monga ankachitira ali moyo. "A Phiri, chimanga chija chalowa. Mwana wanu wa ku Tete uja chifuwa sichikumusiya. Musatitaye." Kenaka anatchula amayi awo, agogo awo, ndi dzina lina lachinayi limene sindinaligwire. Atatha anasamba, navala bulauzi yoyera ndi duku loyera, natenga Buku Lopatulika lawo lokutidwa ndi pulasitiki, ulendo wa ku tchalitchi.

Madzulo ndinalimba mtima n'kufunsa, "Agogo, kodi zija abusa amazidziwa?" Anandiyang'ana kanthawi. "Iwe, ndapembedza yani? Wopembedzedwa ndi mmodzi. Ajawa ndimangowadziwitsa za pakhomo pawo."

Alipo anganene kuti agogo anali Mkhristu wa mitima iwiri. Aliponso anganene kuti anali Mchewa weniweni amene yunifolomu inangomukuta pamwamba. Munthu amene anathera moyo wake kutsutsana ndi magulu awiri onsewa ndi wansembe wa Anglikani wa ku Kenya, John Samuel Mbiti. Kuno ku Angonia, m'dziko la Mozambique, dzina lawo silimveka kawirikawiri. Iwo analemba m'Chingerezi pamene ife sukulu tinaphunzira m'Chipwitikizi, komanso Aanglikani m'chigawo cha Tete ndi ochepa poyerekeza ndi Akatolika ndi a Reformada. Mizu ya Anglikani m'dziko lino ili kunyanja, ku Messumba m'chigawo cha Niassa, ndi kummwera kwa dziko, ndipo ndi mu 2021 pamene Mozambique ndi Angola zinakhala chigawo choima pachokha cha mpingowu. Koma aliyense wophunzira zaumulungu mu Africa, kaya ndi ku Zomba, ku Lusaka kapena ku Nairobi, dzina la a Mbiti sangalizembe.

Anabadwa pa 30 Novembala 1931 ku Mulango, m'dera la Kitui, kum'mawa kwa Nairobi. Mtundu wawo ndi Akamba, alimi ndi oweta ziweto a m'dziko la mvula yochepa, lofanana kwambiri ndi kumunsi ku Changara kusiyana ndi kuno kumapiri. Dzina loti Mbiti m'Chikamba ndi fisi. Anakulira mu mpingo wa Africa Inland Mission, wa amishoni okhwimitsa malamulo, amene ankaphunzitsa kuti wotembenuka mtima azisiyiratu za makolo ndi kuyang'ana kumwamba, kudikira kubweranso kwa Yesu. Choncho zimene anadzalemba pambuyo pake sizinachokere kwa munthu woonera patali. Analeredwa m'nyumba momwe ng'oma ya kumudzi inkatchedwa ya Satana.

Maphunziro awo tingowadutsa mwachangu. Sekondale anachitira ku Alliance High School, digiri yoyamba ku Makerere m'dziko la Uganda mu 1953, kenaka zaumulungu ku Barrington College ku America, ndipo mu 1963 anamaliza digiri ya udokotala ku Cambridge. Nthawi yomweyo anadzozedwa mu Mpingo wa Anglikani wa ku England, natumikira kanthawi pa parishi ina ku St Albans. Mu 1965 anakwatira mayi wa ku Switzerland.

Chimene anafufuza ku Cambridge ndiye chofunika kuimapo pang'ono, chifukwa mbewu ya zonse ili pamenepo. Funso lawo linali loti: amishoni akamalalikira za mapeto a dziko, za chiweruzo, za kumwamba ndi gehena, Mkamba wokhala pa benchi amamva chiyani? Anapeza kuti Akhristu ambiri a kwawo ankamva kumwamba ngati mudzi wina wabwino kuposa uno, wopanda njala ndi matenda, umene ufike posachedwapa, ndipo zaka zikamapita Yesu osabwera, mitima inkagwa mphwayi. A Mbiti anati vuto linali pa kalalikidwe. Chipangano Chatsopano sichikankhira zonse kutsogolo. Moyo watsopano unayamba kale mwa Khristu, ndipo Mkhristu amaulawa lero lino mu ubatizo ndi pa Mgonero wa Ambuye, zinthu zimene mishoni ya kwawo sinkazipatsa malo okwanira. Ine sindidabwa kuti munthu woganiza chotero anakathera ku Anglikani, kumene guwa lili pakati pa mapemphero. Kafukufukuyu anasindikizidwa mu 1971.

Mu 1964 anabwerera ku Makerere kukaphunzitsa, ndipo anakhalako zaka khumi. Kumeneko anakumana ndi chinthu chochititsa manyazi. Ankafunika kuphunzitsa ana a mu Africa za chipembedzo cha makolo awo, koma mabuku amene analipo anali olembedwa ndi azungu, ambiri mwa iwo onyoza. Ankati timapembedza mitengo, miyala ndi zithumwa, kapena kuti timapembedza akufa, ndipo ena ankafika pofunsa ngati munthu wakuda wosaphunzira angathe n'komwe kuganiza za Mulungu. A Mbiti anayamba kusonkhanitsa okha mapemphero, miyambi, nthano, mayina ndi miyambo, zina kuchokera m'mabuku omwewo, zina kwa ophunzira awo ndi kwa akuluakulu a kumidzi. Zimene ankaphunzitsazo ndi zimene zinasanduka buku la African Religions and Philosophy mu 1969. Sanali woyamba kulemba za anthu a kwawo. Kuno kwathu komwe, wansembe wa Anglikani Yohanna Abdallah wa ku Unangu anali atatulutsa kale mbiri ya Ayao m'Chiyao mu 1919. Chachilendo mwa a Mbiti chinali kukula kwa dengu: anafuna kunyamula Africa yonse ya kummwera kwa Sahara nthawi imodzi.

Mfundo yoyamba m'bukumo ndi yoti kwa ife chipembedzo si chovala cha Lamulungu. Munthu amapita nacho kumunda, ku mowa, ku maliro, wophunzira amalowa nacho m'chipinda cha mayeso, wandale m'nyumba ya malamulo. Chilibe amene anachiyambitsa, chilibe buku, chilibe mlaliki woyenda kukopa anthu. Umabadwiramo. Ndiye munthu wofufuza akafika n'kufunsa kuti tchalitchi chanu chili kuti, buku lanu lili kuti, n'kupeza palibe, amabwerera akuti anthuwa alibe chipembedzo, pamene wadutsa kachisi pansi pa mtengo wa msolo osamuona.

Pa nkhani ya dzina la Mulungu m'pamene ndimawamva bwino kwambiri. Mu 1970 anatulutsa Concepts of God in Africa, momwe anasonkhanitsa zimene mitundu yoposa 270 imanena za Mlengi. Akamba amati Ngai, amatinso Mulungu ngati ife tomwe, ndipo ali ndi dzina lina loti Mumbi, limene Mchewa aliyense angalimve, pakuti ndi la woumba. Ife tili ndi Chauta, Namalenga, Mphambe, Chisumphi, Leza. Tsono taganizani za amishoni amene anamasulira Buku Lopatulika, limene linatuluka lathunthu mu 1922. Atafika pa vesi loyamba la Genesis anayenera kusankha liwu. Akanatha kubweretsa lawo la Chingerezi kapena la Chidatchi, monga anabweretsera ubatizo, mngelo ndi Sabata. Sanatero. Analemba kuti Mulungu, dzina limene makolo ankalitchula kale popempha mvula. Ndipo mu 1998, pamene Akatolika ndi Apulotesitanti anatulutsira pamodzi Buku Loyera, pamalo pamene Buku Lopatulika limati Yehova iwo analemba Chauta.

A Mbiti anati kusankha kumeneku ndi umboni. Ngati amene makolo ankamutcha Mulungu anali chiwanda, ndiye kuti Baibulo lathu lonse likutamanda chiwanda, ndipo palibe mbusa angavomere zimenezo. Ngati sanali chiwanda, ndiye kuti makolo ankamudziwa ndithu, kaya pang'ono kaya kwambiri. Mu 1980 ananena mosapsatira kuti amishoni sanabweretse Mulungu ku Africa, koma Mulungu ndiye anabweretsa amishoni. Chatsopano chimene anadza nacho ndi dzina la Yesu Khristu. Chipembedzo cha makolo iwo ankachiona ngati kusosa ndi kugalauza, Uthenga Wabwino ngati mbewu. Ankakonda kukumbutsa kuti Yesu sanadze kudzapasula koma kudzakwaniritsa, ndipo kwa iwo ichi ndicho chifukwa chake Chikhristu chinamera msanga chotere mu Africa: chinagwera m'mizere yopangidwa kale.

Tibwerere kuseri kwa nkhokwe kuja. A Mbiti anakana mawu oti timapembedza makolo, ndipo anapeka liwu lawo limene m'Chichewa tingati akufa amoyo. Kufa, iwo anati, sikutha tsiku limodzi. Munthu akaikidwa m'manda thupi lapita, koma malinga ngati alipo wina amene anamuona ndi maso, amene amadziwa dzina lake, mayendedwe ake ndi ndiwo zimene ankadana nazo, munthuyo akadali wa pabanjapo. Amabwera kutulo, amakwiya mwambo ukaphwanyidwa, amafuna kumva za ukwati ndi za mwana wobadwa. Zimenezi zimatha mibadwo inayi kapena isanu. Womaliza womudziwa akamwalira, dzina limazimirira, ndipo iye amalowa m'gulu la mizimu yopanda dzina. A Mbiti ankati akufa amoyowa amayankhula zinenero ziwiri, cha anthu ndi cha kumizimu, n'chifukwa chake ndi amkhalapakati abwino. Ufa wowaza pansi, kapena mowa wothira pang'ono usanamwedwe, ndi kugawana chakudya ndi wachibale, monga sungadye nsima mkulu wako ali pomwepo osamuitana.

Amene anakulira kumudzi sangavutike kuzindikira zimenezi. Kumeta pambuyo pa maliro, mowa wa bona, kumanga chiliza, zonsezi n'zothandiza womwalira kusamuka bwino ndi otsala kumukumbukira. Mwana akapatsidwa dzina la malemu agogo ake, mayi ake omubala amamuitana kuti "agogo", ndipo akalakwa amamukalipira mopepesa. Pomwepa m'pamenenso pagona kulemera kwa nkhani ya kubereka. A Mbiti anaona kuti munthu wopanda mwana amaopa kufa kawiri, chifukwa sadzakhala ndi womutchula. Kumvetsa zimenezi sikuchotsa nkhanza zimene mayi wosabereka amakumana nazo kwa alamu ake ndi apongozi, koma kumaonetsa kumene mantha a banjalo akuchokera.

Komabe mzere umene a Mbiti analemba pakati pa kulemekeza ndi kupembedza suoneka bwino paliponse monga unkaonekera kwa agogo anga. Ndinaonapo banja likugulitsa ng'ombe ziwiri chifukwa sing'anga wanena kuti malemu amalume akwiya, mwana wodwalayo ali gone m'nyumba osapita naye ku chipatala. Pamenepo sipanali kugawana chakudya ndi wachibale ayi, panali mantha okhaokha. Mabuku awo amanena za ufiti ndi za mizimu yovutitsa, koma mtima wawo unali pa kuonetsa zokoma. Chimodzimodzi mawu awo otchuka aja, oti ine ndilipo chifukwa ife tilipo. Mchewa sawaona achilendo, pakuti kali kokha n'kanyama, tili awiri n'tianthu. Koma mudzi womwewo umene umakulera ndi kukuika m'manda ndi umenenso umaloza chala nkhalamba yamasiye kuti ndiyo ikumanga mvula.

Mfundo imene inawatchukitsa kwambiri, n'kuwapezetsanso mikwingwirima yambiri, ndi ya nthawi. Poyambira pake palibe angatsutse. Anati kwa munthu wa kumudzi nthawi si chinthu choyenda chokha pa wotchi, nthawi ndi zochitika. Mukafunsa agogo a ku Domwe kuti mnyamata uyu anabadwa liti, sangakuuzeni kuti 1986. Adzati anabadwa chaka chimene tinathawira ku Dedza, mbatatesi zikuchita maluwa. Tsiku limawerengedwa ndi tambala woyamba, dzuwa lili paliwombo, ng'ombe zikubwerera ku khola. Chaka chimawerengedwa ndi chizimalupsa, dzinja, masika ndi chilimwe. Munthu wokhala pansi pa mtengo sakutaya nthawi, chifukwa pamene palibe chochitika palibenso chotayika.

Kenaka anabwereka mawu awiri a Chiswahili, Sasa ndi Zamani. Sasa ndi tsopano wotambasuka: zimene zangochitika, zimene zikuchitika ndi zimene zili pafupi kuchitika. Zamani ndi makedzana, dziwe lalikulu limene zonse zimatsikiramo. Munthu amabadwira mu Sasa, amakalamba, amafa, amakumbukiridwa, amaiwalika, ndipo akatero wamira mu Zamani. Choncho moyo umayenda cha kumbuyo, kulowera kumene kuli makolo. Nanga tsogolo? Apa a Mbiti anati tsogolo lakutali kwa Mwafrika wa makolo kunalibe. Umboni wawo unali wa chinenero. Anasanthula aneni a Chikamba ndi Chikikuyu, napeza kuti akamanena za m'tsogolo amafika miyezi isanu ndi umodzi, akatalikitsa zaka ziwiri. Kupitirira apo, iwo anati, kuli zii, ndipo tsogolo lalitali linabwera ndi sukulu, mishoni ndi ndale za masiku ano.

Ine pamenepa ndimasiyana nawo, ndipo Chichewa chomwechi ndicho mboni yanga. Tili ndi "ndipita" wa lero kapena posachedwa, tilinso ndi "ndidzapita", ndipo kachidutswa kameneka ka -dza- kalibe malire. Mwana wa zaka zisanu amati ndikadzakula ndidzagula galimoto. Nkhalamba imati mudzandikumbuka ndikadzapita. Wina angati zimenezi zinabwera ndi sukulu, koma miyambi ndi yakale kuposa sukulu: chakudza sichiimba ng'oma, mwana wa mnzako ngwako yemwe, ukachenjera manja udya naye. Mngoni wa ku Angonia amasunga ng'ombe za malowolo a mwana amene akukwawa. Mkulu wa ku Tsangano amadzala mapichesi akudziwa kuti odzadya bwino ndi adzukulu. Anthu otere sungawanene kuti maso awo amathera pa zaka ziwiri. Katswiri wa nzeru zakuya wa ku Ghana, Kwame Gyekye, anaonetsa zofanana ndi izi m'chinenero cha Akan. Zinenero ziwiri za ku Kenya sizingayankhulire mitundu chikwi. Choipa china n'chakuti mfundoyi inapatsa chibonga anthu amene ankafuna kale kunena kuti Mwafrika sadziwa kukonzekera za mawa.

Koma ndisawataye msanga, chifukwa pali kanthu kamene anakamva ndithu. Munthu akamwalira timati watsogola. Za ana amene sanabadwe timati obwera m'mbuyo mwathu. Taonani mmene ulendowu wakhalira: makolo ali patsogolo, ife tili pakati, adzukulu ali kumbuyo, tonse pa kanjira kamodzi ngati anthu opita ku maliro m'mawa mame asanaume. Liwu loti tsogolo ndi loti kutsogola muzu wake ndi umodzi. Ndiye kumene tikupita ndi kumene kuli makolo, monga a Mbiti ananenera. Chimene analakwitsa n'kutcha malo amenewo kumbuyo. Kwa Mchewa amene anafa kale ndiwo ali kutsogolo, ndipo kukonzekera mawa ndi kukumbukira akale si zinthu zolimbana.

Otsutsa awo anabwera mbali ziwiri. Mlakatuli wa ku Uganda, Okot p'Bitek, amene sankafuna kumva za Chikhristu, anati a Mbiti ndi anzawo anatenga milungu ya mu Africa n'kuiveka mikanjo ya Agiriki, kuitcha yamphamvu zonse, yodziwa zonse, yopezeka ponseponse, n'cholinga choti azungu aivomereze. Kwa iye munthu wa kumudzi sapemphera pofuna kumwamba koma pofuna mvula, ana ndi thanzi, ndipo wansembe wofufuza chipembedzo cha makolo amangopezamo katekisimu wake yemwe. Mbali inayo kunali Byang Kato wa ku Nigeria, mtsogoleri wa mipingo ya chievanjeliko, amene mu 1975 analemba kuti maganizo ngati a a Mbiti akutsegula khomo la kusakaniza zipembedzo ndi la chiphunzitso choti aliyense adzapulumuka, ndi Yesu kapena popanda Yesu. Wina akuti mwawonjeza Chikhristu, wina akuti mwachisungunula.

Kwa p'Bitek ndimavomerezako theka. Chisumphi wa ku Msinja, wokhala ndi Makewana wake ndi njoka yake, wobweretsa mvula, sangalowe yense m'mafunso ndi mayankho a kalasi ya ubatizo popanda kumudula mapiko. Ndiponso a Mbiti ankakolola m'minda yambiri n'kuthira m'nkhokwe imodzi, mwambi wa Azulu apa, pemphero la Anuer apo, mpaka kusiyana kwa mitundu kumabisika. Zambiri anazitenganso m'mabuku a azungu omwe ankawadzudzulawo. Koma p'Bitek sakanatha kuwafotokoza agogo anga. Iwo Chigiriki sankachidziwa, azungu oti awasangalatse panalibe kuseri kwa nkhokwe, komabe ankasiyanitsa bwinobwino mmodzi wopembedzedwa ndi ambiri odziwitsidwa. Kato naye akanangowachotsa pa Mgonero, ndipo ufa ukanapitirira kuwazidwa, kungoti m'bandakucha kwambiri.

Pali chinanso chimene munthu wa ku Tete sangalephere kuchiona akayang'ana zaka. Buku lija linatuluka mu 1969, chaka chimene Eduardo Mondlane anaphedwa ku Dar es Salaam ndiponso chimene ntchito ya damu la Cahora Bassa inayamba. Nkhondo ya ufulu inali itayakanso m'chigawo chino kuyambira 1968. Pa 16 Disembala 1972 asilikali a Chipwitikizi anapha anthu mazanamazana ku Wiriyamu, kufupi ndi mzinda wa Tete, ndipo dziko lapansi linamva mu Julayi 1973 kudzera mwa ansembe a Chikatolika, makamaka Adrian Hastings amene anazitulutsa m'nyuzipepala ya The Times ku London. Mu 1974 a Mbiti analemba nkhani yodzudzula zaumulungu za anthu akuda a ku America, zimene James Cone ankatsogolera, ponena kuti zadzala ndi chisoni ndi mkwiyo, pamene zaumulungu za mu Africa zimachokera m'chimwemwe cha chikhulupiriro. Desmond Tutu, wansembe mnzawo wa Anglikani, anawayankha kuti kummwera kuno munthu sangasankhe chimodzi, ndipo kuti zaumulungu za mu Africa zinkasowa mano pa nkhani ya kuponderezedwa. Pa mkangano umenewu ine ndili ndi a Tutu. Mawu a chimwemwe okha sakanakwana pa bwinja la Wiriyamu.

Chodabwitsa n'chakuti zaka zotsatira zinawaikira umboni a Mbiti pa mfundo ina. Ufulu utabwera mu 1975, boma latsopano linathira nkhondo zimene linkazitcha m'Chipwitikizi obscurantismo, ndiye kuti zikhulupiriro zosunga anthu mu mdima: mafumu anachotsedwa mphamvu, asing'anga ndi miyambo zinanyozedwa pa misonkhano, matchalitchi nawo anapanikizidwa. Mwambo umene amishoni ankautcha wachikunja tsopano unatchedwa wobwezera chitukuko m'mbuyo. Koma nkhondo yachiweniweni itatha mu 1992, anthu pobwera kuchokera m'misasa ya ku Malawi anayamba ndi kukasesa kumanda ndi kuuza makolo kuti tabwera. Anyamata ochokera kunkhondo anasambitsidwa mankhwala asanalowe m'nyumba, ambiri n'kukapemphereredwanso ku tchalitchi sabata yomweyo. Mu 2000 boma linazindikiranso mafumu mwalamulo, ndipo mu 2005 UNESCO inalengeza Gule Wamkulu wa ku Malawi, Mozambique ndi Zambia kukhala chuma cha anthu onse. Zimene ankati zifa ndi nkhalamba sizinafe.

Moyo wa a Mbiti eni ake unatenga njira imene ena amawaseka nayo. Mu 1974 anachoka ku Uganda, Idi Amin ali pa mpando, kupita ku Bossey pafupi ndi Geneva kukatsogolera sukulu ya Bungwe la Mipingo ya Dziko Lonse, mpaka 1980. Kenaka anakhala m'busa wa mpingo wa Reformed m'tauni ya Burgdorf mpaka 1996, akulalikira m'Chijeremani, kubatiza ndi kuika maliro a anthu a ku Switzerland, uku akuphunzitsanso pa yunivesite ya Bern. Mwana wa mishoni ya Africa Inland, wansembe wa Anglikani, m'busa wa Reformed. Munthu wolemba za midzi ya mu Africa anakhala zaka 45 ku Ulaya, ndipo n'zoona kuti Africa wa m'mabuku awo ndi wa kumudzi wa ubwana wawo. Za mnyamata wa pa chapa (minibasi) ku Moatize, amene m'mawa amamvera mneneri pa foni ndipo madzulo amatumiza ndalama za bona kumudzi, simuzipezamo kwambiri. Koma ndimaganizanso za mlimi wa ku Switzerland atakhala pa benchi, akumva Uthenga kuchokera kwa Mkamba. Sitima ija ya amishoni inabwerera itanyamula.

Ntchito yawo yomaliza ndi imene ndimaisirira kuposa zonse. Atapuma, anakhala pansi ndi Chipangano Chatsopano cha Chigiriki n'kuyamba kuchimasulira okha m'Chikamba, vesi ndi vesi, chifukwa lomasuliridwa kale ndi amishoni silinkawakhutiritsa. Linatuluka mu 2014, iwo atapitirira zaka 80. Amene amadziwa kusiyana kwa kuwerenga Salimo 23 m'Chipwitikizi ndi kulimva m'Chichewa pa maliro a mayi ako adzamvetsa chifukwa chimene munthu wa mabuku otchuka m'Chingerezi anathera ukalamba wake pa chinenero cha ku Mulango. Anamwalira ku Burgdorf pa 5 Okutobala 2019 ali ndi zaka 87.

Nditawerenga koyamba za mibadwo inayi kapena isanu ija, ndinayesa kuwerenga ya kwathu. Agogo aja anatsogola kalekale, ndipo dzina lawo lili ndi mwana wanga wamkazi. Amayi awo ndimawadziwa dzina, agogo awonso ndimawadziwa. Lachinayi lija, limene sindinaligwire kuseri kwa nkhokwe, ndinaimbira foni amalume a ku Domwe, amene ndi okhawo otsala m'mimba imeneyo. Anakhala chete mpaka ndinayesa netiweki yaduka. Kenaka anati, "Mphwanga, linali pakamwa pomwepa. Undiimbirenso mkuja."